Thukuta la Mwana Si Munda wa Makolo

Pali anthu amene amati chilichonse chimene mwana wapata ndi cha makolo ake, pakuti ndiwo anamubala, kumuveka ndi kumudyetsa. Maganizo otere amakoma m'khutu, koma ndiwo anasandutsa Jackie Coogan, mmodzi wa ana olemera koposa a m'nthawi yake, kukhala munthu wopempha thandizo kwa anzake.

Coogan anabadwira ku Los Angeles, m'dziko la America, pa 26 Okutobala 1914. Ali ndi zaka 4 zokha, katswiri wa nthabwala Charlie Chaplin anamuona akuvina m'nyumba ya zisudzo ndipo anamutenga. Mu 1921 awiriwa anatulutsa kanema wotchedwa The Kid. M'kanemayu Coogan ndi mwana wotayidwa amene watoledwa ndi mmphawi. Mwanayo amaswa magalasi a mazenera ndi miyala, kenaka mmphawiyo amatulukira ndi magalasi atsopano kudzafuna ganyu yokonza. Makanema a masiku amenewo anali opanda mawu, choncho chisoni ndi chimwemwe zinayenera kuoneka pankhope. Pamene akuluakulu a boma akumukweza m'galimoto kuti apite naye kosungira ana amasiye, mwanayo amatambasula manja akulira, ndipo anthu oonera ankalira naye. Luso lotere si mphatso chabe ayi. Ndi ntchito, ntchito yobwereza chinthu chimodzimodzi pansi pa nyali zotentha mpaka akulu atakhutira.

Mu 1922 anasewera mu Oliver Twist. Nkhope yake inaikidwa pa zidole, pa zolembera, ngakhale pa zitini za chiponde. Mu 1924 anayenda m'mizinda ya America kusonkhetsa zovala ndi chakudya cha ana amasiye kudzera m'bungwe la Near East Relief, nakafika nazo mpaka ku Greece. Ndalama zimene anapata paubwana wake zinali pakati pa madola 3 miliyoni ndi 4 miliyoni.

Mu Meyi 1935 bambo ake anafa pangozi ya galimoto imene iye yekha ndiye anapulumuka. Mayi ake, a Lillian, anakwatiwa ndi Arthur Bernstein, amene ankayendetsa chuma cha banjalo. Coogan atakwanitsa zaka 21 anayembekeza kulandira chuma chake, koma anangogwira mphepo. Ndalama zinali zitathera m'magalimoto, m'zovala za ubweya wamtengo wapatali ndi m'miyala ya dayamondi. Mu 1938 anakasuma kukhoti. Mayi ake sanachite manyazi: anati mwanayo sanalonjezedwe kanthu, ndipo kuti mwalamulo zonse zimene anapata asanakule zinali za makolo. Chomvetsa chisoni nchakuti ponena za lamulo sananame, chifukwa malamulo a ku California ankaterodi. Pa madola 250,000 amene anatsala, Coogan analandirapo pafupifupi 126,000.

Ena adzati mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo, ndipo kuti mwana wosumira mayi ake ndi wopanda mwambo. Koma mwambiwu umatchinjiriza mayi wosauka kapena wolumala kuti asanyozedwe. Sunapangidwe kuti ukhale chophimba cha mayi wovala dayamondi wogulidwa ndi misozi ya mwana. Enanso adzati kulera nkodula. Inde nkodula, koma kodi ndi phala lotani limene lingadye madola mamiliyoni atatu? Kulera ndi udindo, si ngongole imene khanda limasainira tsiku lobadwa. Kholo lili ndi ufulu wotengapo zogulira chakudya, zovala ndi zolipirira sukulu. Likapitirira pamenepo lasanduka bwana wolemba wantchito amene sangakane, sanganyanyale ntchito, ndiponso sadziwa kuwerenga ndalama. Choipitsitsa nchakuti chuma cha mwana wa m'kanema chimatha ndi ubwana womwewo. Mawu akayamba kukula ndi ndevu kumera, opanga makanema amafuna nkhope ina.

Mlanduwu unachititsa manyazi opanga malamulo, ndipo mu 1939 boma la California linakhazikitsa lamulo limene anthu amalitcha Coogan Act. Lamuloli linali ndi mipata yambiri, pakuti linkagwira ntchito pamapangano okhawo amene afika pamaso pa woweruza. Panapita zaka zoposa 60 kuti, kuyambira mu 2000, linene poyera kuti malipiro ndi a mwanayo, ndi kuti magawo 15 pa 100 alionse azisungidwa kubanki kufikira atakula. Magawo 85 otsalawo amadutsabe m'manja mwa akuluakulu.

Mwini dzina la lamuloli sanapindule nalo. Pankhondo yachiwiri ya dziko lonse anayendetsa ndege zopanda injini ku Burma mu 1944. Atabwerako anavutika kupeza ntchito yooneka, kufikira mu 1964 pamene anayamba kusewera ngati Uncle Fester, nkhalamba yadazi yoseketsa anthu mu The Addams Family pa wailesi ya kanema. Anamwalira pa 1 Malichi 1984 ku Santa Monica, ali ndi zaka 69.