Mfiti ya pa kanema ndi munda wa Naboti



Ana athu akaweruka kotchola tiyi, ambiri amathera m'nyumba za vidiyo, kuonera mafilimu a ku Nigeria omasuliridwa m'Chichewa, momwe nkhalamba imasanduka kadzidzi, sing'anga nailoza chala. Ena mwa inu mukuti mpingo uletse mafilimu onse onena za ufiti. Ine ndikuti tisafulumire. Tiyambe tafunsa kuti wojambula walunjikitsa kamera yake pa yani.

Taganizani za mayi Rungano Nyoni, obadwira ku Lusaka, okulira ku Wales. Pokonzekera filimu yawo yotchedwa I Am Not a Witch, iwo anapita ku Ghana, nakakhala pa msasa wa amayi opirikitsidwa kwawo pa mlandu wa ufiti. Filimuyo inaonetsedwa ku Cannes mu 2017, ndipo mu 2018 inalandira mphotho ya BAFTA. Nkhani yake ndi ya Shula, mtsikana wamng'ono wopanda womuyankhulira, amene mudzi unamunamizira ufiti. Anamumanga chingwe chachitali cha nsalu yoyera kumsana, namuopseza kuti akachidula asanduka mbuzi. Amayi omangidwa motero amagwiritsidwa ntchito m'minda, alendo amadza kudzawajambula, ndipo mkulu wina wa boma amayenda naye mwanayo m'milandu kuti aziloza akuba, iye nalemera nazo. Mayi Nyoni anasiya lichero louluka, natisonyeza anthu amene amadyera pa bodzalo.

Musati izi n'za pa kanema chabe. Chaka chomwecho cha 2017, mphekesera za anamapopa zinabuka ku Mulanje ndi ku Phalombe, nizifika kuno ku Thyolo. Misewu inatsekedwa usiku, anthu anaphedwa popanda woweruza, ndipo bungwe la United Nations linachotsa antchito ake m'madera ena a chigawo chino. Mu Januwale 2016, ku Neno, nkhalamba zinayi zinaphedwa chifukwa mphenzi inapha mtsikana.

Werengani 1 Mafumu 21. Yezebeli sanagwire mwala ndi dzanja lake. Anangopeza mboni ziwiri zonama, Naboti naponyedwa miyala, Ahabu natsikira kukatenga munda. Kuno kwathu, kumene nthaka yaikulu ili pansi pa tiyi, kamunda ka mayi wamasiye n'chuma chosiririka. Tsono mukamva agogo akutchedwa mfiti, dzifunseni kuti iwo akathawa, mundawo adzalima ndani.

Lamulo la dziko lino la 1911 limati kutchula munthu mfiti ndi mlandu. Lamulo lachisanu ndi chinayi la Mulungu linatiletsa umboni wonama kalekale boma lisanatero.

Chifukwa chake, makolo, mwana akabwera ku vidiyo mufunseni zimene waona, lisanafike tsiku loti aloze agogo ake. Amayi a Mvano ndi akulu anzanga m'milaga, tiyendere nkhalamba zokhala zokha, pakuti amene amachezeredwa sanamiziridwa msanga. Ndipo inu achinyamata ofuna kujambula mafilimu ndi mafoni anu, jambulani ndithu, koma mutisonyeze nkhope ya woloza chala. Tonse tidzakalamba: chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Ambuye atichitire chifundo. Amen.