Liwu limodzi, matanthauzo ambiri



Tengani liwu la Chingerezi lakuti "fast". Msilamu akalimva amaganiza za kufunga m'mwezi wa Ramadhan. Koma minibasi yothamanga pa msewu wa M5 kuchoka ku Golomoti kupita ku Salima nayonso ndi "fast". Msodzi akamangirira bwato kuti lisatengedwe ndi mafunde, Angerezi amati "he made it fast". Chitenje chosasuluka ndi cha "fast colours", ndipo mwana wogona tulo tofa nato ali "fast asleep". Liwu lomwelo likunena kuthamanga, likunenanso kusasuntha!

Izi si zachilendo. M'Chichewa, mwezi timaufunafuna kumwamba kuti tiyambe kufunga, mwezi timauwerenganso pa kalendala. M'Qur'an, pa Surah Maryam ayah 26, liwu lakuti "sawm" likunena za kusala kuyankhula.

N'chifukwa chake sindigwirizana ndi chizolowezi choloweza tanthauzo limodzi pa liwu lililonse. Pa mayeso a MSCE, wolephera Chingerezi salandira satifiketi ngakhale atakhoza maphunziro ena onse, ndipo mafunso ena amafuna tanthauzo la liwu malinga ndi ndime imene lapezekamo.

Ophunzira, werengani chiganizo chonse musanayankhe, ndipo mukatsegula dikishonale musalekere pa tanthauzo loyamba. Ku madrasa sitimasulira ayah osaona zimene zili patsogolo ndi pambuyo pake. Chitani chimodzimodzi ndi Chingerezi. Makolo ndi a komiti, tisonkhe ndalama kuti kalasi iliyonse ikhale ndi madikishonale ake teremu ino isanathe, Insha Allah.