Chimkuzamawu sichilira maliro

Munthu wofika pa Limbuli tsiku la msika amayamba wamva asanaone. Minibasi isanaime n'komwe, makutu amakhala atadzaza kale. Pa kanyumba kolowetsera nyimbo m'mafoni pakulira kwaya, pa golosale yoyandikana napo pakulira nyimbo za ku Mozambique zomwe zimaoloka Muloza limodzi ndi matumba a chimanga ndi nyemba, wakabaza wamangirira kawailesi panjinga, ndipo mlaliki wa pamsika akulimbikira kuti mawu ake apyoze zonsezi. Sindikhulupirira kuti unakhalapo m'badwo wina kunsi kwa phiri la Mulanje womwe unamva nyimbo zochuluka chonchi, ndipo zambiri mwa izo ndi zomwe timati zauzimu. Koma kumva kukuchuluka pomwe kuyimba kukuchepa, ndipo ziwirizi sizigwira ntchito imodzi mumtima mwa munthu. Pamsika zilibe kanthu kwenikweni, poti anthu abwerera malonda. Nkhawa yanga ili pamaliro. Chizolowezi chobwereka masipika ndi jenereta, chomwe chinayambira m'matauni, chikulowerera m'midzi, ndipo usiku womwe anthu ankachezera kuyimba ukusanduka usiku womvetsera.

Tione bwino zomwe zimachitika m'nyumba ya siwa anthu akamayimba okha. Amayi a Mvano, a Dorika kapena a m'limana akhala pamphasa mozungulira bokosi. Mmodzi ayambitsa nyimbo, onse avomera, wina athirira mang'ombe chapansipansi. Palibe wagwira buku, chifukwa nyimbozi anaziloweza ali ana. Namfedwa, yemwe chilandirireni uthenga wakhala akungosisima, sangathe kulumikiza mawu awiri omveka, koma ikafika nyimbo yachitatu kapena yachinayi milomo yake imayamba kugwedera, kenaka mawu amatuluka. Munthu wolira amapuma modukizadukiza, mpweya umathera pakhosi. Nyimbo imamukakamiza kukoka mpweya wonse ndi kuutulutsa pang'onopang'ono, nthawi imodzi ndi anzake, ndipo chisoni chomwe chinalibe potulukira chimatuluka pakamwa pa mwini wake, m'mawu omwe agogo ake ankayimbanso. Kuonjezera apo, wotsogolera nyimbo ali ndi maso. Akaona kuti kulira kwakwera amatsitsa liwiro. Akaona kuti anthu afooka m'bandakucha amatenga kolasi yodzutsa. Akalowa mlongo wa malemu wochokera kutali amadziwa kudukiza nyimbo kuti wobwerayo alire kaye. Chimkuzamawu chilibe maso ndipo sichipuma. Chimamaliza nyimbo monga inajambulidwira ku Blantyre, ngakhale m'nyumbamo wina akomoke.

Nzeru imeneyi sinabwere ndi amishoni. Alhomwe ambiri a dera lino ndi zidzukulu za anthu omwe anayamba kuoloka kuchokera ku Mozambique chakumapeto kwa zaka za m'ma 1890, kuthawa msonkho ndi ntchito yakalavulagaga ya Apwitikizi, n'kudzagwera m'thangata m'minda ya azungu. Katundu yemwe anasenza anali wochepa, koma magule awo sanawasiye. Gule wa tchopa, yemwe bungwe la UNESCO linamulemba mu 2014 m'kaundula wa chuma cha chikhalidwe cha anthu onse, ambiri amamuonera ku Chonde pa mwambo wa Mulhako wa Alhomwe ngati msangulutso, koma chiyambi chake ndi nsembe: kuthokoza makolo dzinthu zikachuluka kapena alenje akabwera ndi nyama, ndi kupepesa kukagwa chilala kapena mliri. Ng'oma zitatu zimalira, anthu amazungulira bwalo modutsanadutsana, ena atabereka mitolo ya makasu, zikopa ndi ziwiya zakale, moyo wonse wa mudzi uli kumsana. Pa nantongwe, monganso pa vimbuza kwa Atumbuka, wodwalayo ndiye amavina, abale ake akuomba m'manja ndi kuvomera nyimbo. Asilamu ochita sikiri safuna choyimbira chilichonse kupatula mawu ndi mpweya wa m'chifuwa mwawo. Anthu onsewa amasiyana kwambiri pa nkhani ya yemwe akumuitana, ndipo sindikufuna kuweruza mlandu umenewo pano. Koma pa mfundo imodzi amagwirizana ndi amayi a Mvano aja: wofuna kuti m'kati mwake mukhudzidwe alowetsemo thupi lake, asatume wina.

Akuluakulu ena a mpingo adzati ndasocheretsa nkhani. Mphamvu ya nyimbo yauzimu, iwo adzatero, ili mu uthenga, ndipo uthenga ukamveka bwino mpaka kutsidya kwa mtsinje ndiye kuti wafikira ambiri; kwaya yojambulidwa siphonya mawu, sisokoneza ndime, pomwe amayi otopa amameza theka la chiganizo. Mantha akuti kukoma kwa nyimbo kungaphimbe mawu ndi akale. Augustine, bishopu wa ku Hippo kumpoto kwa Africa, analemba cha m'ma 400 kuti ankadziona wolakwa nthawi iliyonse kayimbidwe kakamukhudza kuposa mawu oyimbidwawo, ngakhale pamapeto pake sanaletse kuyimba m'tchalitchi. Mawu ndi ofunikadi. Koma tifunse moona: pamaliro pali uthenga wanji watsopano? Mayi wofedwa mwana akudziwa kale kuti dziko lino si kwathu, akudziwa za kuuka kwa akufa, wakhala akumva zimenezi chibadwire. Chomwe sakudziwa usiku umenewo ndi chakuti kaya iye mwini akuzikhulupirirabe, komanso kaya pali wina amene angasenze naye. Yankho la mafunso awiriwa silichokera m'kumveka bwino kwa mawu. Limabwera iye akamva pakamwa pake pakutchula zomwe mtima wake ukukayika, pambali pake pali mnansi yemwe dzulo anakangana naye za malire a munda akutchulanso zomwezo. Akale anati maliro n'kulirana, ndipo palibe makina omwe angalowe m'malo mwa mnansi ameneyo.

Wina angandikumbutse za Sauli, yemwe m'buku loyamba la Samueli ankatsitsimuka pongomvetsera Davide akuyimba zeze. N'zoona, kumvetsera kuli ndi ntchito yake ndipo sindikuinyoza. Mnyamata wothyola tiyi yemwe wagona yekha usiku, foni ili pakhutu, akumvera Grace Chinga kapena Evison Matafale, si kuti akungotaya nthawi; oyimba awiriwa anatisiya, wina mu 2016 wina mu 2001, koma akulankhulabe ndi anthu omwe sanawaonepo. Allan Namoko wa ku Thyolo, wakhungu uja wa banjo, ankakhudza anthu m'kati kupyolera pa wailesi ngakhale nyimbo zake sizinkawerengedwa m'gulu la zauzimu. Asayansi nawo atsimikiza zimenezi: mu 2011 ofufuza a pa yunivesite ya McGill ku Canada anaonetsa kuti ubongo umatulutsa timadzi tachisangalalo totchedwa dopamine munthu akamamvetsera nyimbo yomwe imamuimitsa tsitsi. Komatu Davide anali m'chipinda chomwecho, akuona nkhope ya mfumu. Ndipo kafukufuku wina, wa ku Gothenburg m'dziko la Sweden mu 2013, anapeza chinthu chomwe womvetsera payekha sachipeza: anthu akamayimba limodzi mitima yawo imayamba kufulumira ndi kuchedwa nthawi imodzi, chifukwa akupumira pamodzi. Ena amatenga zotsatira zoterezi n'kunena kuti ndiye kuti palibe za mzimu, zonse ndi za magazi ndi ubongo. Ine sindiona choncho. Kudziwa kuti madzi a m'munda adzera mu ngalande sikuyankha funso la komwe kuli kasupe. Chomwe sayansi yaonetsa ndi njira, ndipo njirayo ikudzera m'mapapo mwa woyimba.

Chitsutso cholemera kuposa zonse chikuchokera m'mbiri yathu yomwe. Kuyimba pamodzi kwagwiritsidwapo ntchito yoipa m'dziko muno. Mpaka ulamuliro wa chipani chimodzi utatha mu 1994, amayi a mbumba ankakwezedwa m'malole kukayimbira ndi kuvinira Kamuzu Banda, ofuna ndi osafuna omwe, ndipo nyimbo zina zinali zonyoza anthu omwe anali m'ndende popanda mlandu. Amayi amenewo ankapuma pamodzi, mitima yawo mwina inkagunda pamodzi, koma palibe angati umenewo unali uzimu. Lero lomwe tikudziwa misonkhano yomwe kiyibodi imakwezedwa dala nthawi ya chopereka ikayandikira, kuti misozi itsegule matumba. Choncho si kuyimba kulikonse komwe kuli koyera, ndipo munthu wogwidwa ndi nyimbo akhoza kutengedwa kupita kulikonse. Ndikuvomera. Koma taonani komwe ngoziyo imakulira: ndi pomwe munthu mmodzi ali ndi mphamvu yosankha nyimbo, liwiro lake ndi kukwera kwake, ena onse n'kungotsatira. M'nyumba ya siwa mphamvu imeneyi ndi yogawana. Nyimbo yomwe anthu sakuifuna imafa yokha, chifukwa ovomera amangokhala chete, ndipo wina amayambitsa ina. Masipika akafika, mphamvu yonse imapita kwa mnyamata wogwira batani, yemwe nthawi zambiri sankamudziwa n'komwe malemuyo ndipo akuwerenga maola a jenereta.

Anthu a kwa Mfumu Yaikulu Njema safuna kuwafotokozera kuti makina amatha kukhala chete. Mu Malichi 2023, namondwe wa Freddy atagwetsa matope ndi miyala kuchokera m'phiri, magetsi anazima, milatho inakokoloka, mafoni anatha moto, ndipo m'dziko lonse akufa ndi osowa anaposa 1,000. Mabanja ambiri m'Mulanje ndi m'Phalombe sanapeze matupi a abale awo. Kwa banja lotere palibe bokosi, palibe dzenje, palibe poika nkhata. Pa mwambo wonse wa maliro chotsala chomwe angachite ndi kusonkhana, kupemphera ndi kuyimba. Nyimbo yomwe ili m'khadi la foni siithandiza pa tsiku lotero. Yothandiza ndi yomwe ili pamtima, ndipo nyimbo imalowa pamtima poiyimba mobwerezabwereza, usiku wa maliro uno ndi wa maliro enawo, mwana atakhala kumbuyo kwa amayi ake. Aka sikanali koyamba phiri kugumuka. Phalombe inaona zomwezi mu 1991, Zomba mu 1946, ndipo ya ku Zombayo ambiri amaikumbukira chifukwa cha nyimbo ya Napolo yomwe anayimba anyamata a kwa Paseli. Akatswiri a zanyengo akuti anamondwe amphamvu achuluka m'zaka zikubwerazi. Ngati usiku wa maliro usanduka wa masipika kwa zaka khumi kapena makumi awiri, ana omwe akukula lero adzafika pa tsiku lawo la tsoka akudziwa makolasi theka, ndime yoyamba yokha, yotsalayo ankaimva ikulira panja.

Latsala dandaulo limodzi, ndipo ndi la amayi eni ake. Iwo ndiwo amachezera, mawa lake n'kutunganso madzi, kuphika nsima ya adzukulu ndi ya anthu onse okhuza maliro, ena n'kulawirira kumunda wa tiyi chifukwa kapitawo sawerengera maliro a mnansi. M'mudzi momwe mwagwa maliro atatu mwezi umodzi mawu amasasa, ndipo mayi wonena kuti sipika imamupumitsa sakunama. Masipika alinso ndi malo ake oyenera masana, pomwe khamu lachuluka ndipo mawu a mfumu, a mwinimbumba ndi a mlaliki ayenera kumveka mpaka kwa okhala kumapeto. Mafumu ndi akuluakulu a mipingo, omwe amaika kale malamulo a kayendetsedwe ka maliro m'midzi mwawo, akhoza kugwirizana kuti jenereta izilira nthawi ya zolengeza ndi ya mwambo wa mapemphero, koma dzuwa likalowa izizima. Za kutopa kwa amayi, mankhwala ake ali pafupi kuposa shopu yobwereketsa masipika. Panja pa nyumba ya siwa pamakhala abambo makumi angapo atazungulira moto, akukamba za mitengo ya feteleza ndi ya nandolo mpaka kucha. Ambiri mwa iwo anayimbapo besi m'kwaya ali anyamata, ndipo mwambo womwe umawakhazika panja suwaletsa kulandira nyimbo kuchokera pomwe akhalapo, kuyambira pakati pa usiku mpaka tambala woyamba, kuti amayi m'nyumbamo atsamire khoma pang'ono.