Foni yopanda bandulo nayonso imalotetsa ana zoopsa

Makolo ambiri kuno ku Mangochi tili ndi njira imodzi yotetezera ana pa foni: osawagulira bandulo. Timati popanda intaneti palibe choipa chingalowemo. Koma magemu ena safuna bandulo n'komwe. Amayenda foni ndi foni pa Xender, kapena m'kamemore khadi kuchoka pa Boma mpaka ku Makawa ndi ku Monkey Bay, ngati momwe nyimbo zimayendera.

Nkhani yake ili motere. Mu 2004 kampani ya Sony idatulutsa PSP, kamakina ka magemu kogwira m'manja. Mu 2012 Henrik Rydgård wa ku Sweden adayambitsa PPSSPP, pulogalamu yomwe imasandutsa foni ya Android kukhala ngati PSP. Kadisiki ka PSP kankanyamula mpaka 1.8 GB, koma akatswiri a pa kona amafinya gemuyo kuti ichepe, ikwane ngakhale m'foni yotchipa.

Ana ambiri amayambira pa gemu ya mpira, ndipo palibe vuto. Koma m'khadi momwemo mumabweranso magemu oopsa, monga Silent Hill: Origins ya 2007. Wosewera amayenda m'tawuni yodzadza nkhungu, kawailesi kake n'kumasokosera chilombo chikayandikira. Palinso Resident Evil ya 1996, ya mitembo yoyenda, yomwe imaseweredwa pa pulogalamu ina yotchedwa ePSXe.

Magemu amenewa si ufiti ayi, ndi luso la anthu, ndipo akuluakulu ambiri amawakonda. Kungoti sadapangidwire ana. Ku America bungwe la ESRB lidawaika chilembo cha M, kutanthauza zaka 17 kupita m'tsogolo. Chilembocho chinkakhala pa chikuto. Gemu yofinyidwa imabwera yopanda chikuto, dzina lokha basi. Ndiye taganizirani mwana wa Sitandade 5, usiku wa Okutobala, wagona pakhonde chifukwa cha kutentha, mahedifoni ali m'khutu. Mawa lake akusinza m'kalasi, madzulo akukana kupita yekha kuchimbudzi, inu n'kumadabwa kuti chamulowa n'chiyani.

Kulanda foni sikuthetsa kanthu, akasewera ya mnzake. Mufunseni akuonetseni magemu ake, awatchule maina limodzilimodzi. Khalani naye pamkeka masana, asewere inu mukuona. Mphindi 10 zokha zikuuzani zambiri. Yomwe yamupitirira msinkhu, muuzeni chifukwa chake, muifufute limodzi, ya mpirayo musiye. Ikakwana nthawi yogona, foni igone kuchipinda kwanu.

Ndipo ngati foniyo ndi yomwe mumasungira Mpamba kapena Airtel Money, musalole kuti aliyense aziikamo mapulogalamu osadziwika kochokera. Ena amabwera ndi vairasi. Pamenepo oopsezedwa sakhalanso mwana, mumakhala inuyo.