Mwini nyumba ya alendo nayenso alipidwe

Fanizo la Msamariya wachifundo, lopezeka pa Luka 10, tonse tinalidziwira ku Sande sukulu. Alaliki ife timakonda kuima pa anthu atatu aja, wansembe, Mlevi ndi Msamariya, ndipo ulaliki umathera pamene wovulala uja wakwezedwa pa bulu. Koma m'fanizoli muli munthu wina amene sitimutchula kawirikawiri, ndiye mwini nyumba ya alendo. Msamariya anagona usiku umodzi wokha, kutacha n'kupitiriza ulendo wake. Amene anatsala akutsuka mabala, kuphika phala ndi kudzuka pakati pa usiku wodwala akabuula anali mwini nyumba uja. Ndipo Msamariya sanamusiye chimanjamanja. Anamupatsa ndalama ziwiri zasiliva, malipiro a masiku awiri a munthu waganyu, nalonjeza kuti pobwerera adzabweza zonse zimene zidzalowe poonjezera.

Tikudziwa kuti Ambuye sananene fanizoli pofuna kuphunzitsa za bajeti ya boma. Komabe latikumbutsa nkhani imene yatikhala pamtima, ya zipatala za mishoni ndi mabungwe ena omwe si aboma, amene asenza gawo lalikulu la ntchito yosamalira anthu m'dziko muno.

Ntchito imeneyi mipingo sinaiyambe dzulo. Dr Robert Laws anafika ku Cape Maclear m'chaka cha 1875 ali m'busa komanso dokotala, ndipo chaka chotsatira anali atachita kale opaleshoni kumeneko. Chipatala cha Nkhoma chilipo kuyambira 1915. Tchulani Malamulo, Mua, Ekwendeni, Embangweni, St Luke's ku Malosa kapena Mulanje Mission, mupeza kuti chilichonse chinamangidwa kumene boma linali lisanafike. Ku maphunziro nakonso ndi chimodzimodzi: boma la atsamunda linakhazikitsa nthambi yake ya maphunziro mu 1926, pamene sukulu za mishoni, kuphatikizapo zimene M'busa John Chilembwe anatsegula ku Chiradzulu kuyambira 1900, zinali zitaphunzitsa kale anthu ambirimbiri kuwerenga ndi kulemba.

Mu 1966 zipatala za mipingo zinapanga bungwe limodzi, limene kuyambira 1992 limatchedwa Christian Health Association of Malawi, kapena kuti CHAM. Pansi pa bungweli pali zipatala zazikulu ndi zazing'ono zoposa 170, zambiri mwa izo kumidzi, ndipo zimapereka pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a chithandizo chonse cha zaumoyo m'Malawi. Anamwino ambiri amene mumawapeza ngakhale m'zipatala za boma anaphunzira m'makoleji a mipingo. Choncho tikamanena za zipatala zimenezi sitikunena za kachifundo kapadera kongoonjezera pa zimene boma likuchita. Zitati zatsekedwa lero, madera athunthu angakhale opanda kothawira.

Vuto lagona apa. Kuchipatala cha boma munthu salipira. Kuchipatala cha mishoni amalipira, chifukwa mankhwala, magetsi ndi mafuta a ambulansi chipatalacho chimagula chokha. Taganizirani amayi awiri oyembekezera, wina wokhala pafupi ndi chipatala cha boma, wina wokhala kumene chipatala chokhacho chofikirika ndi miyendo ndi cha mishoni. Onsewa ndi Amalawi. Onsewa amapereka msonkho akagula chitenje kapena mayunitsi a foni. Koma wina athandizidwa ulere pamene mnzake ayenera kuyamba wagulitsa nkhuku. Ife amene tayendera odwala m'midzi kwa zaka zoposa 30 taona mabanja akuzengereza ndi mwana wotentha thupi, kudikira kuti mwina kutacha apeza bwino, osati chifukwa cha umbuli ayi, koma chifukwa chowerengera ndalama imene alibe. Ena mwa anawo tinawaika m'manda ndife.

Boma linaliona vutoli, ndipo apa tiliyamikire. Kuwonjezera pa kulipira malipiro a ogwira ntchito m'zipatala za CHAM, mu 2006 linayamba kusainirana mapangano ndi zipatalazi, akuti amayi oyembekezera ndi ana akhanda azithandizidwa osalipira, chipatala chizilemba zimene chawononga, boma n'kubweza. Kumene pangano lotere linayenda bwino, amayi ochilira kuchipatala anachuluka. Ndi nzeru yabwino kwambiri, pakuti n'kosavuta kulipira chipatala chimene chilipo kale kusiyana ndi kumanga chatsopano pambali pake.

Koma pangano ndi kubweza. Kwa zaka zambiri zipatala za mishoni zakhala zikudandaula kuti ndalamazi zimachedwa miyezi, ndipo pamene zikufika mitengo ya mankhwala imakhala itakwera kale. Mu Novembala 2023 ndalama ya kwacha inagwetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti tsiku limodzi, chikhalirecho mankhwala ambiri timagula kunja. Chipatala chimene chikudikira ngongole chimayamba kutenga mankhwala pangongole nachonso, kenaka ogulitsa amakana, ambulansi imaima, ndipo potsiriza oyang'anira amaimitsa pangano n'kuyambanso kulipiritsa. Tsiku limenelo mayi wobwezedwa pakhomo satukwana likulu la boma limene sanalionepo. Amatukwana mpingo, chifukwa mtanda ndi umene akuuona pakhoma.

Alipo ena, ngakhale pakati pa akhristu, amene amati popeza ndi ntchito ya Mulungu, mpingo uzingothandiza ulere. Mawuwa amamveka auzimu, koma sanaganiziridwe bwino. Namwino wa ku mishoni nayenso ali ndi ana ofuna fizi. Botolo la diripi silitsika mtengo chifukwa wolipachika wayamba wapemphera. Msamariya uja sanauze mwini nyumba kuti asamalire wodwala pongoyembekezera mphotho ya kumwamba, anapisa m'thumba.

Kwa nthawi yaitali dzenje limeneli lakhala likukwiriridwa ndi abwenzi akunja. Nkhani ya kubedwa kwa ndalama za boma ija ya Cashgate itaphulika mu 2013, maiko otithandiza anasiya kuika ndalama zawo m'thumba la boma, ndipo zambiri anayamba kuzidutsitsa m'mabungwe omwe si aboma. Ntchito inapitirira, inde, koma tinazolowera kuti mjigo ukafa tidikire bungwe, denga la sukulu likasasuka tidikire bungwe, ngakhale phala la ana kusukulu tidikire bungwe. Akuluakulu anati mlendo ndi mame. Mu Januwale 2025 boma la America linaimitsa mwadzidzidzi thandizo lake ku maiko akunja, ndipo pofika Julaye chaka chomwecho bungwe la USAID linali litatsekedwa. Ogwira ntchito zaumoyo ambiri amene ankalipidwa ndi ndalama zimenezo, makamaka pa ntchito yolimbana ndi Edzi, anadzuka m'mawa wina ntchito palibe. Sitikunyoza amene anatithandiza zaka zonsezi, Mulungu awadalitse. Koma moyo wa Mmalawi sungamadalire chisankho chochitikira ku Washington. Atsogoleri a mu Africa analonjeza ku Abuja mu 2001 kuti 15 peresenti ya bajeti izipita ku zaumoyo, ndipo ife zaka zambiri sitifikapo.

Tisaloze chala boma lokha, pakuti kwathu nakonso kuli zofunika kusesa. Alipo mabungwe amene ndalama zambiri zimathera pa magalimoto, misonkhano ya kunyanja ndi maalawansi, kumudzi n'kungofikako chikwangwani. Lamulo loyendetsera mabungwe omwe si aboma, limene linakonzedwanso mu 2022, limafuna kuti bungwe lililonse lizipereka lipoti la chuma chake chaka ndi chaka. Bungwe lotchedwa ndi dzina la Khristu siliyenera kudikira kukumbutsidwa. Pa Machitidwe 6, okhulupirira olankhula Chigriki atadandaula kuti amasiye awo akusalidwa pa kagawidwe ka chakudya, atumwi sanawadzudzule kuti ndi osayamika. Anavomereza kuti pali cholakwika, nauza mpingo kuti usankhe anthu 7 a mbiri yabwino oti ayendetse ntchitoyo. Sinodi kapena dayosizi imene ingaike m'bale wa m'busa pa mpando wosunga chuma cha chipatala, kapena kutapa m'thumba la chipatala kuti ilipirire msonkhano wake, yataya mphamvu yokakumbutsira boma ngongole. Ndipo chipatala cholembera boma odwala amene sichinawaone chikuba monga anaba a Cashgate aja.

Palinso gulu limene silipezeka m'bajeti ya wina aliyense. M'zaka za m'ma 1990, mankhwala otalikitsa moyo asanayambe kuperekedwa ulere mu 2004, amene ankasambitsa odwala Edzi m'makomo, kuwatungira madzi ndi kulera ana amasiye anali amayi a Mvano, a Umanyano, a Dorika, amayi Achikatolika ndi anzawo a Chisilamu. Sanalembe pempho la ndalama kwa munthu. Namondwe wa Freddy atagwetsa mapiri mu Malichi 2023, oyamba kufukula anzawo m'matope ku Chilobwe anali anansi, ndipo ambiri opulumuka anagona m'masukulu ndi m'matchalitchi. Anthu otere boma lisawatenge ngati antchito aulere oti lizitulira katundu amene lalephera kusenza.

Tsono pempho lathu kwa akulu a mpingo amene ali pafupi ndi chipatala cha mishoni ndi ili: pa msonkhano wanu wotsatira itanani woyang'anira chipatalacho, mumufunse ngati pangano ndi boma lilipo, likukhudza matenda ati, ndiponso kuti ngongole yatsala ya miyezi ingati. Yankho lakelo kalitulireni khansala ndi phungu wa dera lanu, molemba, aphungu asanakhale pansi kukambirana bajeti. Chipatala nachonso chipachike pakhomo, m'chilankhulo cha anthu a m'deralo, mndandanda wa chithandizo chimene munthu sayenera kulipira, pakuti alipo amayi amene amachilira kunyumba poopa bilu imene boma linavomera kale kuwalipirira.