Nyimbo za M'masewera a Pakanema Zisamangotsanzira Mafilimu

Aphunzitsi ndi makolo ambiri amayesa kuti masewera a pakanema, amene ana amasewera pa kompyuta ndi pa lamya za m'manja, ali phokoso chabe. Maganizo otere anatha ndi kale. Lero nyimbo za m'masewera akuluakulu zimayimbidwa ndi magulu athunthu a oyimba zeze za Chizungu, malipenga ndi ng'oma, monga momwe achitira m'mafilimu a ku Hollywood.

Poyamba sizinali chomwecho ai. M'chaka cha 1985, pamene Bambo Koji Kondo a ku Japan anapeka nyimbo za Super Mario Bros., makina a Nintendo sanali kutha kutulutsa mau oposa asanu pa nthawi imodzi. Zinthu zinasintha masewera atayamba kuikidwa pa zimbale za CD, zimene ziri ndi malo okwanira kusunga nyimbo zojambulidwa. M'chaka cha 1999 Bambo Michael Giacchino anapeka nyimbo za Medal of Honor, masewera amene anayambitsa ndi Bambo Steven Spielberg, ndipo munthu yemweyo anadzalandira mphotho ya Oscar m'chaka cha 2010 chifukwa cha filimu yochedwa Up.

Ulemu unatsatira. Nyimbo ya Baba Yetu, imene iri Pemphero la Ambuye m'Chiswahili, anaipeka Bambo Christopher Tin chifukwa cha masewera a Civilization IV m'chaka cha 2005. Ataijambulanso pamodzi ndi Soweto Gospel Choir ya ku South Africa, inalandira mphotho ya Grammy m'chaka cha 2011. Kuyambira 2023 a Grammy ali ndi mphotho yapadera ya nyimbo za m'masewera.

Koma pali bvuto limene oyamikira saliona. Filimu imayenda njira imodzi, ndipo wopeka nyimbo amadziwiratu mphindi imene mdani adzatulukire. M'masewera mwini ulendo ndiye wosewera: akhoza kuima pa mlatho nthawi yaitali, kapena kuthawa nkhondo isanayambe. Chotero wopeka wanzeru amadula nyimbo yake m'zigawo, kuti makina aonjezere ng'oma ngozi ikayandikira ndi kuzichotsa ikapita. Imeneyi ndiyo nchito yobvuta, ndipo ndiyo imene filimu siingathe kuphunzitsa. Masewera ambiri amangodzaza mkokomo waukulu wonga wa mafilimu ankhondo, wofanana uku ndi uku, umene munthu amaiwala akangozimitsa makina, pamene kanyimbo ka Bambo Kondo anthu akali kukayimba ndi mluzu.

Bambo Gustavo Santaolalla a ku Argentina, amene analandira Oscar kawiri, anaonetsa njira ina m'masewera a The Last of Us m'chaka cha 2013. Iwo anatsamira pa gitala ndi kachoyimbira ka zingwe ka ku mapiri a Andes kochedwa ronroco, ndipo m'malo ambiri nyimbo imaleka konse, kuti wosewera amve mapazi a chimene chiri kumudzera kumbuyo.