Ngongole ya Nyumba: Werengani Musanasaine

Abale a m'nthambi, tiyeni tiwerenge. Tiyerekeze kuti mwakongola K10,000,000 ku banki kuti mumange nyumba, ciwongola dzanja 25 pa 100 pa caka, kubweza zaka 20. Mwezi uli wonse mudzapereka pafupifupi K210,000. Pa ndarama za mwezi woyamba, K208,000 ndi ciwongola dzanja cokha. Ngongole yeniyeni itsika ndi K1,500 cabe. Pomaliza mwapereka K50,000,000. Nyumba imodzi, mtengo wa zisanu!

Kodi ife alimi timakolola mwezi uli wonse? Mvula ikakana, banki sidikira: igulitsa nyumba ndi malo amene munaika cikole, ana nagona panja.

Tsono tikuti: musasaine musanauzidwe ndarama zonse zobweza. Bwerani nalo pepalalo ku msonkhano wa nthambi, tiwerengere pamodzi.